Mmene Ndinasandukira Drake wa Pagulu Lathu

Kutchuka kwanga kunadza chifukwa cha mwendo wa mpando. Linali Loweruka pa 4 Malichi 2023, Arsenal ikusewera ndi Bournemouth pa Emirates, ife titadzaza pabalaza pa Acheya monga mwa masiku onse. Amene ankatsatira ligi ya ku England chaka chimenecho akukumbukira bwino. Tinamwetsedwa chigoli pasanathe masekondi 10, ena asanapeze n'komwe pokhala. Chigawo chachiwiri n'kutiwonjezera china. Partey anabweza chimodzi, White n'kufananitsa, ndiye m'mphindi ya 97 mpira wochokera pakona unagwera Reiss Nelson, mnyamata amene ankangokhalira pabenchi, iye n'kuuswa ndi mwendo wamanzere. Ukonde gwedee!

Ine, munthu wamkulu ndi mimba yangayi, ndinakwera pampando wapulasitiki. Chimene ndinkafuna kukatenga m'mwambamo musandifunse. Mwendo umodzi wa mpando unangoti thyo! ine chagada khuu! miyendo m'mwamba, buluku kumbuyo kwee! koma pakamwa pakutulukabe "Nelson! Nelson!" Mwana wa mlongo wanga, amene foni siichoka m'manja mwake, anajambula zonse kuyambira pokwera mpaka potera.

Pofika Lolemba kanemayo anali atazungulira pa WhatsApp, pa Facebook ndi pa TikTok. Wina anamuikira nyimbo. Wina anamuchedwetsa dala kuti ndizigwa pang'onopang'ono, kung'ambika kwa buluku kumveke bwinobwino. Anthu osawadziwa anayamba kundiloza panjira: "Si awa a Nelson aja?" Ena ankandiimitsa kuti ajambulitse nane. Msana unkawawa, koma kunena zoona zinkandikomera. Amayi akunyumba okha ndiwo sanaone chosangalatsa. "Bambo, dziko lonse laona kabudula wanu wam'kati. Akanakhala watsopano uja bwenzi zili bwinoko."

Msana utalolako, ndinabwerera kwa Acheya Lachinayi pa 16 Malichi, tsiku limene tinkasewera ndi Sporting ya ku Portugal mu chikho cha Europa. Anzanga anandilandira ndi m'manja, n'kundipatsa mpando wamatabwa. Xhaka anagoletsa, tinasangalala. Koma chigawo choyamba chisanafike pakati, Tomiyasu anali atatuluka ndi bondo, William Saliba n'kutsatira ndi msana. Kenako Pedro Gonçalves anaona kuti goloboyi wathu Ramsdale wapita patsogolo, n'kuuponya mpira kuchokera chapakati pabwalo, n'kumudutsa pamutu. Mphindi zowonjezera sizinabale kanthu. Pamapenate goloboyi wawo anagwira ya Martinelli, ife kunja.

Tili chikhalire m'nyumba muli zii, mwana wa mlongo wanga uja anatukula foni. "Amalume, mwamva? Kim Kardashian anali m'bwalo momwemo ndi mwana wake."

Apa ndiye ndinaimirira, dzanja lina kumsana, lina m'mwamba, n'kuyamba kuphunzitsa. Nkhani za minyama ya anthu otchuka ndinali nditaziwerenga kwambiri, ndipo munthu amene wangotchuka kumene amaona ngati aliyense akufuna kumumva.

Ndinayamba ndi Mick Jagger, woyimba wa gulu la Rolling Stones. Pa World Cup ya 2010 ku South Africa, mkuluyu anakhala pambali pa Bill Clinton ku Rustenburg kuchemerera USA, Asamoah Gyan n'kuwatulutsa, Ghana 2, USA 1. M'mawa mwake anali ku Bloemfontein kuchemerera kwawo England: Germany inawathira 4-1, ndipo mpira wa Lampard umene unadutsa mzere aliyense akuona, woyimbira sanauwerenge. Anasamukira ku Brazil, pakuti ali ndi mwana kumeneko, Netherlands n'kuichotsa 2-1. Mu 2014 anauza khamu la anthu ku Rome kuti Italy igonjetsa Uruguay, Italy n'kugonja 1-0, ulendo wa kwawo. Ndiye pa 8 Julaye chaka chomwecho anakhala m'bwalo la Mineirão ku Belo Horizonte pamodzi ndi mwana wake uja, Brazil n'kumwa zigoli 7 pakhomo pawo. Mu 2018 anatulukiranso ku Moscow, England ikutsogola 1-0 ndi chigoli cha Trippier, Croatia n'kutembenuza zinthu.

"Koma mfumu ya minyama," ndinatero, "ndi Drake wa ku Canada." Ndinawawerengera za 2019. Pogba anajambulitsa naye, United n'kutulutsidwa ndi Wolves mu FA Cup. Sancho anajambulitsa naye, Dortmund n'kukwapulidwa 5-0 ndi Bayern. Aubameyang wathu yemwe anajambulitsa naye, ife n'kugonja 1-0 kwa Everton. Agüero anajambulitsa naye, n'kuphonya penate pamasewero ndi Tottenham. Kurzawa anajambulitsa naye, PSG n'kumwa 5-1 ku Lille, mpaka timu ya Roma inalengeza mwanthabwala kuti osewera ake aletsedwa kujambulitsa ndi Drake kufikira ligi itatha. Ngakhale kunkhonya, Anthony Joshua anajambulitsa naye akudzitama kuti athetsa tsokalo, Andy Ruiz n'kumugwetsa ku New York. Ndinatsiriza ndi ya Okutobala 2022, pamene Barcelona inapita ku Bernabéu itavala chizindikiro cha Drake pachifuwa. Chizindikiro chakecho kadzidzi. Kadzidzi, abale anga! Ndani angavale kadzidzi n'kumayembekezera zabwino? Real Madrid 3, Barcelona 1.

Pagulu pathu pali mkulu wina amene timangomutchula kuti Aphunzitsi. Anapuma pantchito yophunzitsa masamu, koma kope ndi cholembera sanazisiye. Amalemba zotsatira za masewero onse, ogoletsa, mphindi yake, ngakhale amene anabwera kudzaonera. Atamvetsera zonsezi anakonza magalasi n'kufunsa modekha: "Ndiye lamulo lake tingalilembe bwanji, akulu?"

"Losavuta," ndinayankha monyadira. "Munthu wotchuka akangoonetsa poyera kuti ali mbali ya timu inayake, timuyo yapita basi."

Aphunzitsi analemba, n'kudula mizere iwiri kunsi kwake. Lamlungu lotsatira Kim Kardashian anakaonera PSG ku Paris, Messi ndi Mbappé ali m'bwalo, Rennes n'kuwachinya 2-0 pakhomo pawo. Ine pagulu lathu la pa WhatsApp ndinalemba ndi zilembo zikuluzikulu: NDINANENA INE.

Kukhala nthawi yaitali usiku wa Sporting uja kunadzutsanso msana, choncho masewero a Crystal Palace ndi a Leeds sindinapiteko. Onse awiri tinapambana 4-1. Epulo anayamba tili pamwamba ndi mapointi 8 kuposa Manchester City, ngakhale iwo anali ndi masewero amodzi otsalira. Nthawi imeneyo chikho cha ligi tinali titachinyamula komaliza mu 2004, ndiye mutha kuona mmene mitima inalili. Acheya anali atayamba kale kukamba za utoto wofiira wopaka mpanda.

Ndinabwerera pa 9 Epulo, tikusewera ndi Liverpool ku Anfield. Martinelli anagoletsa, Jesus n'kuwonjezera. Ine n'kuwauza anzanga kuti asunge mipando yawo kutali ndi ine. Salah anabweza chimodzi tisanapume, Firmino n'kufananitsa ndi mutu kutatsala mphindi zitatu, ndipo pakanapanda manja a Ramsdale kumapetoko bwenzi titagonja. Palibe ananena kanthu. Ku Anfield n'kovuta kwa aliyense.

Lamlungu linalo kwa West Ham, mphindi 10 zokha tili 2-0. Ndinatembenukira kwa Acheya: "Kagulenitu utoto uja." Benrahma anagoletsa penate. Saka anapatsidwa yathu, mnyamata wodalirika, n'kuiponyera kunja. Pasanathe mphindi zitatu Bowen anafananitsa. Woyimbira ataimba wezulo yomaliza, ndinamva pepala likutembenuzidwa kumbuyo kwanga.

"Acheya, ndipempheko mwayi," anatero Aphunzitsi. "Pali kanthu kakundisowetsa mtendere m'kopemu." Anaimirira. "Kuchokera pa 4 Malichi, masewero a ligi amene mnzathuyu sanabwere: Fulham 3-0, Palace 4-1, Leeds 4-1. Amene anabwera: Sporting, tinatuluka. Liverpool, tinataya zigoli ziwiri. West Ham, tinatayanso ziwiri. Tsono funso langa ndi ili. Pa 4 Malichi chinasintha n'chiyani pamoyo wa mnzathuyu?"

Mlamu wanga, mlongo wawo wa amayi akunyumba, ndi wa Manchester United. Timamulola kukhala nafe chifukwa cha ukwati basi. Iyeyo ndiye anayankha, misozi ikutuluka ndi phwete: "Anatchuka! Alamu anatchuka! Drake tili naye pompano!"

Aphunzitsi anabwerera masamba angapo m'mbuyo n'kuwerenga mawu anga omwe, aja anawadulira mizere iwiri.

Ndinaseka nawo poyamba, ndikuyesa nthabwala. Nditaona kuti Acheya sakuseka, ndinayamba kudziteteza, ndipo mpaka lero ndimati mfundo zanga zinali zomveka. Choyamba, vuto la Arsenal aliyense wamaso ankaliona: Saliba kunalibe. Rob Holding ndi munthu wolimbikira, koma liwiro la Saliba alibe, ndiye timu yonse inkachita kubwerera m'mbuyo pomuteteza. Chachiwiri, nkhani za minyamazi zimakoma chifukwa anthu amangowerenga masiku ogonja. Drake yemweyo ndi kazembe wa timu ya basketball ya Toronto Raptors, ndipo mu 2019 momwemo timuyo inatenga chikho cha NBA iye akulumphalumpha m'mbali mwa bwalo. Mu 2022 anabetcha madola 1 miliyoni kuti Argentina igonjetsa France, ndipo chikho chinapitadi ku Argentina. City ili ndi Noel Gallagher, woyimba wodziwika dziko lonse, amene sabisa n'komwe timu yake, koma zikho zimangolowa. Ndipo ngati ndi otchuka, Arsenal ili nawo enieni: Lewis Hamilton, Idris Elba, ngakhale Pulezidenti Paul Kagame wa ku Rwanda amene amadandaula poyera tikagonja. Onsewo kuwasiya, n'kudzagwira ine wotchuka ndi kabudula?

Aphunzitsi anayankha mfundo imodziimodzi ngati akuchonga mayeso. Za Raptors anati umenewo ndi mpira wamanja, lamulo lake ndi lina. Za Argentina anandikumbutsa kuti Drake anabetcha zoti apambana m'mphindi 90, pomwe masewerowo anathera pamapenate, ndiye ndalama zake zinapita: tsoka litasowa kolowera linabwerera kwa mwini wake. Za Hamilton ndi Kagame anati amenewo akhala otchuka zaka zambiri, timu inawazolowera, choopsa ndi wotchuka watsopano.

"Nanga za 7-1?" ndinakuwa. "Brazil inalibe Thiago Silva chifukwa cha makadi, inalibe Neymar chifukwa anathyoka fupa la msana pamasewero ndi Colombia. Jagger ndiye anamuthyola?"

Aphunzitsi anavula magalasi pang'onopang'ono. "Mwati fupa la chiyani?"

M'nyumba monse munati zii.

"Inu munapweteka msana pa 4 Malichi. Tsiku loyamba kubwera ndi msana wanuwo, Saliba anatuluka ndi chiyani?"

"Mwamupatsira!" anatero mlamu wanga akugubuduka pansi.

Apa m'pamene ndinazindikira kuti mlandu wa minyama ulibe loya. Timu ikagonja uli pompo, ndiwe. Ikapambana iwe kulibe, ndiwenso. Ukabweretsa umboni wokuyeretsa, amaulandira ndi manja awiri n'kuuika pamulu wokutsutsa. Acheya anagamula kuti andipatsa mwayi womaliza Lachisanu, pakuti tinkasewera pakhomo ndi Southampton, timu imene inali kumchira kwenikweni kwa ligi. Anati imeneyo ngakhale Jagger ndi Drake atakhala pabenchi limodzi sitingailephere.

Mphindi yoyamba isanathe, Ramsdale anapereka mpira m'miyendo mwa Alcaraz ngati mphatso. 1-0. Mitu yonse inatembenukira kwa ine. Theo Walcott, mwana wathu wakale, n'kuwonjezera chachiwiri. Martinelli anabwezako chimodzi, koma m'chigawo chachiwiri Ćaleta-Car anagoletsa chachitatu ndi mutu. Kutatsala mphindi zochepa, Acheya anaimirira n'kunditsekulira chitseko okha.

"Achimwene, sitinadane. Koma tapitani mukapitidweko mphepo."

Ndinatuluka. Ndisanafike n'komwe pageti ndinamva nyumba ikugwedezeka: Ødegaard, 3-2. Ndinaima. Ndikuti ndibwerere, mwana wa mlongo wanga anasuzumira pawindo: "Amalume, musasunthe! Imani pomwepo!" Ndinaima mumdima, mwendo wina kutsogolo, udzudzu ukundidya. Phokoso linanso: Saka, 3-3! Apa mtima unakana. Zaka zonsezi ndavutika ndi timu imeneyi, chigoli chopambanira chilowe ine ndili pageti? Ndinathamanga, n'kukankha chitseko, ndipo maso anga atangofika pa TV, Trossard anaumenya mpira wamphamvu, uwo n'kukagunda chitsulo chapamwamba, n'kubwerera.

Palibe anandikalipira. Bola akanandikalipira. Aphunzitsi anangoyang'ana wotchi n'kulemba.

Tsopano kunatsala masewero amene aliyense ankati ndiwo agamule ligi: Lachitatu pa 26 Epulo, ku Etihad, ndi City yomweyo. Lolemba madzulo nthumwi zitatu zinafika kwathu, Acheya patsogolo, atanyamula kajumbo. Anakhala pansi mwaulemu, n'kufunsa za msana, za ana, kenako Acheya anakonza kukhosi.

"Achimwene, takambirana. Mphatso muli nayoyi si yoti tiziitaya. Mfuti siiloza mwini wake." Anatulutsa jezi ya mtundu wa mtambo. "Lachitatu muchemerera City."

Ndinakana. Ndinati chiyambire ubwana wanga sindinavalepo jezi ya timu ina. Anandikumbutsa kuti Drake yemwe anachitapo zimenezi mu 2019, pamene anavala kabudula wa Philadelphia tsiku limene timuyo inkasewera ndi Raptors, Philadelphia n'kugonja. Nkhani imeneyonso anaimva kwa ine. Amayi akunyumba, amene mpira sauwerengera n'komwe, anaponyapo mawu ali kukhitchini: "Valani, bambo. Mwina mungathandizeko anzanu kamodzi."

Jeziyo anabwereka kwa mnyamata wina woonda wa m'dera lathu. Kuti ilowe anachita kundithandiza anthu awiri, wina kukoka kutsogolo, wina kumbuyo, ine nditapuma mpweya wonse. Inathera pamwamba pa mchombo. Kumsana kunali dzina la Haaland, zilembo zitatambasuka mpaka m'khwapa. Anandikhazika kutsogolo kwenikweni, n'kundilangiza kuti ndizichemerera mokweza kuti tsoka limve bwino kumene likupita.

"Tiyeni City!" ndinatero ndi mawu a munthu wodwala.

"Mokweza, achimwene!"

"TIYENI CITY!"

Mphindi ya 7, Haaland anamusiyira mpira De Bruyne, iye n'kuthamanga nawo, n'kuuponya pakona yapansi. 1-0.

"Musafooke," anatero Aphunzitsi. "Mankhwala sagwira nthawi yomweyo."

Ndinachemerera mpaka mawu kusasa. Ndinayamikira Guardiola, ndinaimbira Grealish m'manja, zinthu zimene ndikazikumbukira ndimachita nseru. Tikuti tipume, Stones anagoletsa ndi mutu. Wam'mbali anakweza mbendera kuti ndi ofusayidi, anzanga n'kundikumbatira kuti zayamba kugwira, koma VAR itaunika inati chigoli ndi chabwinobwino. Chigawo chachiwiri chitangoyamba De Bruyne anabwerezanso. 3-0.

Panabuka mtsutso waukulu. Ena ankati ndikuchemerera mwachinyengo. Ena ankati tsoka silitsata jezi, limatsata mtima, ndipo mtima wanga unali udakali ku Arsenal. Mlamu wanga anati ayi, vuto n'lakuti ndikavala jezi ya City minyama imasanduka mwayi, ndiye ndingosamukira komweko. Chakumapeto Acheya anataya mtima. "Vulani chinthucho, achimwene. Chikutinyansa."

Kuvala kunali kovuta, koma kuvula kunaposa. Thukuta linali litaimata pathupi. Ndinaikoka mpaka inafika kumutu, n'kukakamira pamenepo: manja m'mwamba, nkhope yonse m'kati, mimba pamtunda, osaona kanthu, osapuma bwino. Ndili m'kati momwemo ndinamva chiphokoso. Holding, yemwe uja ndinkamunena, anali atagoletsa. 3-1.

"Musamuvule!" anakuwa Aphunzitsi. "Ndazindikira! Si jezi, si mtima. Ndi maso! Pa Southampton atatuluka tinagoletsa ziwiri, atangoyang'ana mpira unagunda chitsulo. Mugwireni asaone!"

Amuna akuluakulu, ena a zidzukulu, anandigwira manja ali m'mwamba momwemo kuti jezi isachoke kumaso. Ndinkachonderera kuti ndikubanika, iwo n'kumati ndipirire, kwatsala zigoli ziwiri zokha. Kuwerenga kwake kunali kwa Aphunzitsi: mphindi zinayi ndi zowonjezera, chigoli chimodzi pa mphindi zinayi zilizonse, zotheka. Ndinalimbana nawo mumdima wonunkha thukuta la mwini jezi ndi langa lomwe, mpaka msoko wina unathetheka, mutu wanga n'kutulukira, jezi n'kutsalira m'dzanja langa lamanja lili m'mwamba. Ndinakoka mpweya ndi kukamwa konse n'kufuula ngati munthu wovuuka m'madzi.

Nthawi yomweyo pa TV, Haaland, atamasula tsitsi lake lija kuti lizigwera m'mapewa, anagoletsa chachinayi.

Mwana wa mlongo wanga anali pakona ndi foni yake.

Tangoganizani mmene kanemayo amaonekera kwa munthu amene kunalibe. Haaland akugoletsa, ndipo pansi pa TV pali bambo wamimba, wopanda malaya, akuzunguza jezi ya City m'mwamba, kukamwa yasa, akukuwa ndi mphamvu zake zonse, atazunguliridwa ndi anthu a jezi zofiira ogwira kumutu. M'mawa kutacha anali ponseponse, pamwamba atalembapo kuti: "A Nelson aja asamuka." Uyu anayenda kuposa woyamba. Masapota a City anandilandira ndi manja awiri pa intaneti. A Arsenal osandidziwa ananditchula Yudasi, ena Adebayor, ena Nasri, osewera amene anachoka ku Arsenal n'kupita ku City. Mnyamata mwini jezi anabwera kudzalonjerera jezi yake, ataiona mmene inalili anangoti ndimugulire ina, koma yong'ambikayo aisunga chifukwa ndi yamwayi.

Gulu linakhala pansi ine kulibe, n'kunditumizira chigamulo pa WhatsApp, cholembedwa m'ndime zitatu. Sindiloledwa kwa Acheya tsiku la masewero. Sindiloledwa kuonera Arsenal pa TV iliyonse, ngakhale yanga. Amayi akunyumba ndiwo apatsidwa udindo woyang'anira. Sindinawaonepo akulandira ntchito ndi chimwemwe chotere. Pa masewero ndi Chelsea anandikhazika kuchipanda, limoti ili m'thumba mwawo, tinapambana 3-1. Pa a Newcastle anandituma kukachapa makatani, tinapambana 2-0 kwawo komweko. Aphunzitsi ankatumiza chithunzi cha tsamba la kope popanda mawu ena alionse.

Pa 14 Meyi tinkasewera ndi Brighton pakhomo. Chigawo choyamba chinatha 0-0 ine ndili kuseri kwa nyumba. Ndinalowa m'bafa ndi foni, n'kutseka chitseko, n'kunena mumtima kuti kungosuzumira pang'ono sikungaphe munthu. Enciso anagoletsa ndisanakweze n'komwe mawu. Tinagonja 3-0. Ndikanatha kubisa, koma amayi akunyumba anali ataona kuwala pansi pa chitseko, ndipo lipoti linafika kwa Acheya masewero asanathe. Sabata yotsatira Awoniyi wa Nottingham Forest anatimaliza 1-0, chikho n'kupita ku City. Tsiku limenelo ndinali m'tulo, koma Aphunzitsi anati mwina ndinalota. Tinakhala pamwamba pa ligi masiku 248, ndipo palibe timu ina m'mbiri ya ligi ya ku England imene inakhalapo nthawi yaitali chotero n'kulephera chikho. City inamaliza ndi mapointi 89, ife 84. Pagulu pathu mapointi asanuwo ali ndi dzina, ndipo ndi langa.

Ligi itatha, munthu woyamba kundiyendera anali mlamu wanga. Anabwera mofatsa, chipewa m'manja, zimene sanachitepo chikwatirire mlongo wake. Pa 3 Juni United inkakumana ndi City mu fainolo ya FA Cup ku Wembley, ndipo City ikanapambana ikanatsala ndi chikho chimodzi kuti ifanane ndi United ya 1999 imene inatenga zikho zitatu chaka chimodzi. Kwa wa United palibe chowawa kuposa chimenecho.

"Alamu," anatero, "zija ndinkaseka zija zinali zocheza. Ine ndaunika bwino nkhani yanu. Aphunzitsi analakwitsa, si maso. Ndi mtima. Pa Etihad paja munavala jezi koma mtima unali kwina. Ndiye ndikupempheni, Loweruka mubwere kwathu, mudzaikonde City. Kuikonda kwenikweni, kuchokera pansi pamtima. Mphindi 90 zokha."

"Alamu, inu si amene munanditcha Drake?"

"Pachibale sitisungirana, alamu."

Ndinavomera. Loweruka ndinafika kwawo nthawi yabwino, n'kupeza nyumba yodzaza ndi a United, onse akundipatsa ulemu, wina mpaka kundipukutira mpando. Anandikhazika pakati. Matimu atalowa m'bwalo, mlamu wanga anandigwira phewa n'kunong'ona: "Mwakonzeka? Mtima uli ku City?"

Ndinadikira mpaka woyimbira atayika wezulo pakamwa. Ndiye ndinaimirira, n'kumasula mabatani a jekete, anthu onse n'kuona jezi yofiira ya United imene ndinabwereka dzulo lake, dzina la Rashford kumsana. Ndinaika dzanja pachifuwa.

"Abale anga, ndaganiza mofatsa. Inu ndi banja langa. Lero ndili ndi United, ndi mtima wanga wonse, ndi maso anga onse."

"Alamu, ayi! Alamu, khalani pansi! Tsinzinani!"

City inayamba mpira, n'kuubwezera kwa goloboyi, iye n'kuuponya kutsogolo. Unagundidwa ndi mutu, n'kugwera Gündoğan, amene anaumenya usanagwe pansi. De Gea sanasunthe n'komwe. Pasanathe masekondi 13, chigoli chofulumira kuposa zonse m'mbiri ya fainolo ya FA Cup.

Mlamu wanga anandiyang'ana, ine n'kumuyang'ana. Kenako ndinakhala pansi bwinobwino, n'kupinda mwendo, n'kufunsa ngati pali amene angakweze mawu a TV pang'ono, pakuti timu yathu inali ndi ntchito yaikulu yoti ichite.